Mlandu suwola, ngakhale nkhondo itatha

Okalamba a pa Phalula, amene amakhala m'mphepete mwa msewu wochokera ku Zalewa kumka ku Balaka, sanaiwale zaka zija pamene abale athu a ku Tete anasefukira kuno nadzaza misasa ya Lisungwi ndi Luwani ku Neno, ena atasenza mphika ndi mphasa yokha, ena atabereka ana osakhala awo, kufikira Malawi anasunga othawa nkhondo okwana ngati miliyoni imodzi.

Zimene anathawazo zinalembedwa ndithu. Mu 1988 Robert Gersony, atafunsa othawa pafupifupi 200, anati anthu wamba ophedwa ndi Renamo angafike 100,000. Ndipo asilikali a Frelimo nawonso sanali oyera m'manja. Koma Joaquim Chissano ndi Afonso Dhlakama atagwirana chanza ku Rome pa 4 Okutobala 1992, aphungu a ku Maputo anakhululukira onse mwezi womwewo, kotero kuti palibe ndi mmodzi yemwe amene anaima pabwalo kuyankha za anthu oposa 400 ophedwa ku Homoine mu 1987.

Mtendere sindiunyoza, pakuti amene anagonapo m'tchire ndiye adziwa kukoma kwake. Komatu boma likhoza kukhululukira chimene analakwira boma, ndipo mwazi wa mwana wa mkazi wamasiye, umene ufuula kuchokera kunthaka monga wa Abele, suli m'manja mwa nduna kuti iugawire chikhululukiro, monganso nyakwawa ya nzeru sigamula mlandu mwini wake asanatsegule pakamwa. Nanga chete uja anabala chiyani? Mfuti zinaliranso mu 2013, anthu anathawiranso ku Kapise, Luwani anatsegulidwanso mu 2016, ndipo mu 2019 chikhululukiro china chinalembedwa.

Ifenso tisadzitame. Mlandu wa nduna zitatu ndi phungu amene anaphedwa ku Thambani mu 1983 unatha mu 1995 popanda wopezeka wolakwa. Komabe, chifukwa mboni zinalankhula poyera, palibenso amene anena kuti inali ngozi ya galimoto. Portugal anadikira zaka 50 asanapepese za kuphedwa kwa anthu ku Wiriyamu, pamenepo n'kuti mboni zambiri zitagona kale.

Alipo m'midzi mwathu othawa nkhondo aja amene sanabwerere kwawo, anakwatira kuno, ndipo tsopano achita imvi. Ngati mabwalo a ku Maputo sawaitana, mipingo ndi masukulu athu aukachenjede awapezere mlembi, dzina ndi dzina, mudzi ndi mudzi, mvula isanagwe kawiri.