Mzukwa wa ku Japan suloza agogo chala

Aliyense amene anakhalapo pa benchi m'tinyumba toonetsera vidiyo pa Chiponde pano akudziwa kuti filimu yoopsa siisowa makasitomala. Anyamata a kabaza, osintha ndalama pa boda, ngakhale ana ojomba ku sukulu, onse amathithikana mumdima muja kuti awaopseze, chonsecho alipira okha pakhomo. Ine sindikudana nazo. Chimene chikundivuta ndi mtundu wa mantha amene tikugulitsana.

Taonani mafilimu a ufiti amene tawazolowera, kuyambira a ku Nigeria mpaka ena amene achinyamata athu ayamba kujambula okha. Mwana akadwala, geni ikagwa, mayi akapita padera, kamera imathamangira kwa gogo wosauka wa kumapeto kwa mudzi. Kenaka m'busa kapena sing'anga amuyalutsa, ife pa benchi n'kumaomba m'manja. Komatu kunja kuno zimenezi si sewero ayi. Mu Januwale 2016 anthu ku Neno anapha okalamba anayi powaganizira kuti ndiwo anatumiza mphezi imene inapha mtsikana wina. Mu 2017 mphekesera za anamapopa zinaphetsa anthu ku Mulanje, ku Phalombe ndi m'maboma ena. Sindikunena kuti filimu ndiyo inagwira chibonga. Koma mwana amene wakula akuona nkhalamba ikuuluka pa lichero madzulo alionse, mudzamuuza bwanji kuti lamulo la 1911 lija limaletsa kutchula munthu kuti ndi mfiti?

Anzathu a ku Japan nawo ali ndi mafilimu oopsa, oopsa zedi kuposa athu. Ambiri tinaonapo mtsikana wa tsitsi lalitali lophimba nkhope, wovala zoyera, akutuluka m'chitsime mpaka kudzatulukira pa galasi la TV. Ameneyo ndi Sadako wa mu filimu ya Ringu, imene Hideo Nakata anapanga mu 1998 kuchokera m'buku la Koji Suzuki. Chitsime chimenecho si chachilendo kwa eni dziko. Iwo ali ndi nthano yakalekale ya Okiku, mtsikana wantchito amene bwana wake anamufuna iye n'kukana. Bwanayo anabisa mbale imodzi pa mbale khumi zamtengo wapatali, n'kumunamizira kuti ndiye wataya, ndipo mtsikanayo anathera m'chitsime. Akuti usiku uliwonse mawu ankamveka m'chitsimemo akuwerenga mbale, imodzi, ziwiri, mpaka zisanu ndi zinayi, kenaka kulira kosweka mtima. Alendo okacheza ku nyumba yachifumu ya ku Himeji amaonetsedwa chitsime chotchedwa dzina lake.

Mwaona pamene pali kusiyana? M'nthano imeneyi woopsayo ndi munthu wolakwiridwa. Ukamanjenjemera naye umakhala ukufunsa kuti kodi anamuchita zotere ndani. Chala chimaloza bwana, osati gogo. N'chimodzimodzi Kayako wa mu Ju-on, mayi amene anaphedwa ndi mwamuna wake. Ndipo pano ndi pamene achinyamata athu ayenera kutchera khutu: Takashi Shimizu anayamba Ju-on mu 2000 ngati filimu ya pa vidiyo chabe, ya ndalama zochepa, koma pofika 2004 a ku America anali ataikonzanso m'Chingerezi n'kuitcha The Grudge.

Imene imandikhudza kwambiri ine ndi Kuroneko ya mu 1968. Anaipanga Kaneto Shindo, bambo amene anachoka ku kampani yaikulu n'kuyambitsa yake ndi anzake mu 1950 kuti azijambula zimene akufuna. M'filimuyi asilikali anjala pa nthawi ya nkhondo amalowa m'nyumba ya mayi ndi mpongozi wake, kuwagwirira, kuwapha, nyumba n'kupsa. Awiriwo amabweranso ngati mizukwa, n'kumakopa ankhondo m'modzim'modzi usiku. Abale anga, munthu wa pa Chiponde angaonere zimenezi n'kunena kuti ndi nkhani yachilendo? Mandimba ali apa pomwepa. Mpaka nkhondo ya ku Mozambique itatha mu 1992, anthu oposa miliyoni imodzi anathawira m'Malawi muno, ndipo ena a iwo anadutsa m'tinjira tathu tomweti atasenza mitolo. Amene anatsalira m'tchire osaikidwa m'manda ndani anawalira?

Tikabwerera m'mbuyo pali akapolo amene ankadutsa m'dera lino kupita kunyanja ya mchere, m'masiku a Makanjira, Mponda ndi Jalasi. Makoma a Fort Mangochi akadalipo paphiri. Nkhani zimenezi zimawawa chifukwa zimakhudza makolo athu enieni, ogulitsa ndi ogulitsidwa omwe. N'chifukwa chaketu tingapange nazo filimu yoti munthu asagone tulo.

Ndikudziwa kuti mashehe ndi abusa ena anena kuti za mizukwa n'zosayenera, wakufa sabwerera. Ndawamva, ndipo sindikupempha munthu kuti akhulupirire mzukwa. Ngakhale agogo potiuza nthano ya kalulu ndi fisi sankatilamula kukhulupirira kuti kalulu amayankhula. Chodabwitsa n'chakuti filimu yoyalutsa nkhalamba siidandaulitsa anthu ambiri, mwina chifukwa pamapeto pake pamakhala pemphero.

Za ndalama tisanamizirepo. Shemu Joyah anajambula The Last Fishing Boat m'mbali mwa nyanja konkuno ku Mangochi, n'kuitulutsa mu 2012, ndipo inakaonetsedwa kunja. Filimu ya mzukwa siifuna n'zambiri zomwe: foni ya kamera yabwino, chitsime, nsalu yoyera ndi munthu wodziwa kusimba nkhani. Ndipo ikajambulidwa pa Chiponde, mzukwawo uzilira m'Chiyao. A DJ otanthauzira mafilimu aja adzauike m'Chichewa pambuyo pake, monga amachitira ndi a ku China.