Tichotse magemu osaitanidwa m'mafoni mwathu

Lero ndafuna ndithirepo ndemanga pa nkhani imene ena angaiyese yachibwana, chonsecho ikudya ndalama ndi nthawi m'makomo ambiri. Nkhaniyi ndi ya magemu amene amalowa m'mapulogalamu otumizirana mauthenga pa foni zamakono, monga Messenger ndi Telegram, mwini foni asadawapemphe.

Munthu wa kumudzi akagulitsa fodya, soya kapena mbuzi n'kugula foni, amakhala ndi zolinga zake. Amafuna amve uthenga wa maliro msanga, alankhule ndi mwana wake amene ali ku Joni, alandire ndalama, afunse mtengo wa feteleza, ndiponso adziwe tsiku la msonkhano wa mpingo kapena wa banki m'khonde. Palibe amene amataya thukuta lake kuti foni izimudzutsa pakati pa usiku ndi uthenga woti nthawi yosewera yakwana. Maganizo anga ndi akuti mwini foni ali ndi ufulu wonse wochotsa zinthu zoterezi, ndipo makampani ayenera kumupatsa njira yapafupi yochitira zimenezo.

Kuti timvetse bwino, tiyambe taona kumene mchitidwewu udachokera. Akuluakulu akukumbukira gemu ya njoka, Snake, imene kampani ya Nokia idayamba kuika m'mafoni ake mu 1997. Gemu imeneyo sinkafuna intaneti, sinkapempha ndalama, ndipo ukaisiya inkangokhala phee. Za lerozi n'zina.

Mu November 2016 kampani ya Facebook, imene kuyambira 2021 ikutchedwa Meta, idaika magemu 17 mu Messenger, kuphatikizapo Pac-Man ndi Space Invaders. Mu May 2017 magemuwa adatsegulidwa kwa anthu a dziko lonse lapansi, ndipo chaka chomwecho kampaniyo idayamba kulola otsatsa malonda kuonetsa katundu wawo m'kati mwa magemuwo. Telegram idatsegula khomo la magemu mu October 2016, ndipo WeChat ya ku China idatsatira mu December 2017.

Chochititsa chidwi n'chakuti eni ake omwe adaona kuti katundu wachuluka m'nyumba. Mu January 2018 a David Marcus, amene ankatsogolera Messenger nthawi imeneyo, adavomera poyera kuti pulogalamuyo idadzaza ndi zinthu zambirimbiri ndipo iyenera kupepuzidwa. Mu October 2018 kampaniyo idachepetsa zigawo zake kuchoka pa 9 kufika pa 3, ndipo mu July 2019 idalengeza kuti magemu achoka mu Messenger n'kupita pa Facebook penipeni. Koma galu sataya fupa lonona. Mu April 2023 kampaniyo idabweretsanso magemu 14 oti anthu azisewera akamaimbirana foni yoonana nkhope. Kenaka mu September 2023 idatseka Messenger Lite, pulogalamu yopepuka imene inkathandiza anthu a mafoni ang'onoang'ono ndi netiweki yofooka.

Kodi makampaniwa akukakamira magemu chifukwa chiyani? Yankho lake si lapatali. Mapulogalamuwa timawalandira ulere, koma eni ake amapeza phindu kuchokera kwa otsatsa malonda. Munthu akakhalitsa pa foni amaona malonda ambiri, ndipo kampani imalandira zambiri. Gemu ndi nyambo yoti munthu asachoke. N'chifukwa chake magemu ambiri amakupatsa kamphatso ukabwera tsiku ndi tsiku, amakukumbutsa ukaiwala, ndipo amakuuza kuti uitane anzako kuti ukwere pamwamba. Mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi.

Ndikuona zovuta zinayi zimene tiyenera kuziganizira.

Choyamba ndi ndalama za bandulo ndi moto wa batire. Magemu a m'mapulogalamuwa amadalira intaneti. Gemu ikamatseguka imakoka zithunzi ndi nyimbo zake, ndipo kanema aliyense wa malonda amene akuonekera akulipiridwa ndi bandulo ya mwini foni. M'tauni mwina ena sangazimve kuwawa, koma kumudzi kumene munthu amayenda mtunda ndi kulipira kuti atchajitse foni pa sola ya kugolosale, nkhaniyi ndi yaikulu. Foni imene yathera moto ku gemu madzulo siingalandire uthenga wa matenda usiku.

Chachiwiri ndi mbiri ya munthu. Ukadina kuti uyambe kusewera, kawirikawiri umakhala walola mwini gemuyo kuona dzina lako, chithunzi chako, ndi anzako amene akusewera nawo. Dziko lidaphunzira phunziro lowawa mu 2018 pamene zidaululika kuti kapulogalamu ka mafunso pa Facebook, kamene adakagwiritsa ntchito anthu pafupifupi 270,000, kadatolera mbiri za anthu ofika 87 miliyoni, ndipo zambiri mwa mbirizo zidakafika ku kampani ya Cambridge Analytica imene inkagwira ntchito za ndale. Ambiri mwa anthuwo sadakhudzeko kapulogalamuko, adangokhala anzawo a amene adadina. Mu 2019 boma la America lidalipiritsa Facebook chindapusa cha madola 5 biliyoni kaamba kosasamala zinsinsi za anthu. Malamulo adakhwimitsidwa kuchokera pamenepo, komabe phunziro lake likadalipo: chala chako chikhoza kugulitsa m'bale wako.

Chachitatu ndi chinyengo cha chuma chapafupi. Mu March 2024 pa Telegram padabuka gemu yotchedwa Hamster Kombat. Anthu ankangogogoda pa galasi la foni usana ndi usiku, kuonera makanema ndi kuitana anzawo, poyembekezera kudzalandira ndalama za pa intaneti. Eni ake adati osewera adapitirira 300 miliyoni. Tsiku logawa litafika mu September 2024, ambiri adapeza kuti thukuta la miyezi yonseyo labala madola owerengeka chabe. Pa WhatsApp napo pamayenda malinki onena kuti zunguzani gudumu mupate foni kapena mayunitsi, bola mutumize uthengawo kwa anzanu makumi awiri. Amenewo si magemu konse, ndi misampha ya akuba ofuna nambala zanu zachinsinsi.

Chachinayi, chimene chikundikhudza koposa, ndi ana. M'makomo ambiri foni ndi imodzi, ndipo bambo kapena mayi akaisiya pa mphasa, mwana ndiye amaitola. Magemu ambiri amagulitsa tinthu m'kati mwake, ndipo mwana sasiyanitsa ndalama zoseweretsa ndi zenizeni. Mu 2014 kampani ya Apple idavomera kubweza madola osachepera 32.5 miliyoni kwa makolo a ku America amene ana awo adagula zinthu m'magemu popanda chilolezo, ndipo Google idavomera kubweza osachepera 19 miliyoni. Mu 2019 bungwe loona za umoyo pa dziko lonse la WHO lidaika chizolowezi chosalamulirika cha magemu pa mndandanda wa matenda. Mu 2021 dziko la China lidalamula kuti ana osafika zaka 18 azisewera magemu a pa intaneti ola limodzi lokha Lachisanu, Loweruka, Lamulungu ndi masiku a tchuthi. Sindikunena kuti titengere lamulo la ku China, koma ngati maiko amene amapanga mafoniwa akuda nkhawa, ife tikhalirenji manja lende?

Pano wina andifunsa kuti, kodi masewera ndi tchimo? Iyayi. Makolo athu adasewera bawo pansi pa mtengo wa kachere, atsikana adasewera fulaye ndi phada, ndipo palibe adawaletsa. A WHO omwe adanenetsa kuti vutoli limagwira anthu ochepa mwa osewera, amene gemu yawalanda ulamuliro mpaka kusiya sukulu, ntchito ndi banja kwa nthawi yaitali. Amene akonda gemu yake ndipo akudziwa malire, asewere. Kusiyana kwake n'kwakuti bawo silikutsata kumunda kukakuitana, silidya mayunitsi, ndipo dzuwa likalowa aliyense amanyamuka kupita kwawo. Chimene ndikukana ndi mlendo wolowa m'nyumba popanda odi, n'kukana kutuluka.

Tsono tichite chiyani? Pali njira zingapo zimene aliyense angazitsate, ndipo sizilira ndalama. Mawu a pa foni ali m'Chingerezi, choncho ndiwalemba momwe amaonekera. Malo ake amasuntha kampani ikakonzanso pulogalamu, koma mukalemba mawuwo pa malo ofufuzira a mu "Settings" muwapeza.

Pa Facebook ndi Messenger, tsegulani Facebook, pitani pa "Settings", ndipo mupeze "Apps and websites". Pamenepo pali mndandanda wa magemu ndi mapulogalamu amene adalumikizidwa ku akaunti yanu. Dinani lililonse limene simukulifuna, musankhe "Remove". Pomwepo palinso posankha kuzimitsiratu zonse za "Apps, websites and games", kuti pasakhalenso gemu yolumikizika. Dziwani kuti mukatero, mapulogalamu ena amene mumalowamo pogwiritsa ntchito akaunti ya Facebook adzakutulutsani, choncho yambani mwaona mndandandawo. Dziwaninso kuti kuchotsa gemu kumaletsa mwini wake kutenga mbiri yatsopano, koma zimene adatenga kale zimakhalabe kwa iye mpaka mutamupempha kuti azifufute. Ngati gemu ikukutumizirani mauthenga mu Messenger ngati munthu, tsegulani uthengawo, dinani dzina lake pamwamba, musankhe "Block".

Pa Telegram magemu amayendera timaakaunti todziyankha tokha totchedwa "bot". Kufufuta uthenga kokha sikukwanira, chifukwa mawa kadzalembanso. Dinani dzina lake, musankhe "Stop" kapena "Block", kenaka mufufute. Pitaninso pa "Privacy and Security" mukasinthe kuti anthu osawadziwa asamakulowetseni m'magulu. Pa WhatsApp chimodzimodzi: pa "Privacy" pali "Groups", pamene mungasankhe oyenera kukuikani m'gulu. Linki ya gudumu la mphatso ikafika, musaidine ndipo musaitumize kwa wina.

Pa foni yeniyeniyo, uthenga wa gemu ukatulukira pamwamba, ukanikizeni ndi chala kwa kanthawi, ndipo foni idzakupatsani mwayi wouzimitsa. Mu Play Store muike lamulo loti pasagulidwe kanthu popanda nambala yachinsinsi, ndipo nambalayo, pamodzi ndi ya Airtel Money kapena Mpamba, isadziwike kwa ana. Makolo amene agulira mwana foni yakeyake angagwiritse ntchito Family Link ya Google, imene idayamba mu 2017, kuti aike malire a maola ndi kuvomereza pulogalamu iliyonse isadalowe.

Ndinene mosabisa kuti pali zina zimene sizichoka. Batani limene kampani idalimangirira m'kati mwa pulogalamu, mwini foni sangalizule. Angathe kungolitseka pakamwa ndi kulilambalala. Apa ndi pamene pali dandaulo langa kwa makampaniwa. Kulowa mu gemu kumatheka ndi kudina kamodzi, koma potuluka munthu ayenera kudutsa zitseko zinayi kapena zisanu, zonse zolembedwa m'Chingerezi. Chilungamo chake n'chakuti khomo lotulukira likhale lalikulu ngati lolowera, ndipo magemu azikhala ozimitsa mpaka mwini foni atawafuna yekha. Dziko lathu lili ndi lamulo loteteza mbiri za anthu la 2024, ndipo bungwe la MACRA ndilo lidapatsidwa udindo woliyang'anira. Ndikupempha bungweli kuti lifalitse uthenga wa ufulu umenewu m'zinenero zathu, pa wailesi ndi m'misonkhano ya kumudzi, kuti lamulolo lisangokhala la anthu ophunzira a m'tauni.

Kwa inu abusa, ansembe, mashehe, akulu a mpingo ndi mafumu, pempho langa ndi ili. Anthu amakumverani, ndipo ambiri a inu ndinu oyang'anira magulu a pa foni a mpingo ndi a mudzi. Ikani lamulo loti m'magulu amenewa musamaponyedwe malinki a magemu ndi a mphatso. Mukatha mapemphero kapena msonkhano, patulani mphindi zochepa kuti achinyamata odziwa mafoni athandize agogo ndi amayi kuchotsa zosafunikazi, mwini foni ali pomwepo akuona, ndipo nambala yachinsinsi alembe yekha. Kudzudzula achinyamata pa guwa kokha sikuthandiza. Apatseni ntchito imeneyi, mudzaona kuti aigwira monyadira. Mutu umodzi susenza denga.

Kwa inu makolo, kuwongola mtengo m'poyamba. Mwana amatengera zimene akuona. Ngati bambo akugogoda foni nsima ili pa mphasa, mwana sangamve za malire. Gwirizanani pa banja kuti nthawi ya chakudya, ya homuweki ndi yogona, foni izikhala pambali.

Foni mudagula ndi ndalama zanu, bandulo mumalipira nokha, ndipo nthawi imene ikutayikayo ndi ya kumunda, ya sukulu ndi ya banja lanu. Madzulo ano tsegulani "Settings", muone alendo amene akugona m'nyumba mwanu, ndipo amene simudawaitane muwaperekeze.

Ndine wanu,
Mkonzi