Mlendo Nayenso Amvere Lamulo

Tsiku lina m'kalasi mwathu munabuka mkangano. Tinali kuphunzira manambala, ndipo ndinalemba 18 pa bolodi. Ndinati: "Iyi ndi nambala ya lamulo. M'dziko lathu la Moçambique nkoletsedwa kugulitsa mowa kwa munthu wosakwana zaka 18."

Bambo wina, amene ali ndi baraka pafupi ndi gombe, anaimirira nati: "Aphunzitsi, lamulo limenelo ndi la ife eni mudzi. Alendo odzaona nyanja tiwaleke. Mlendo ndi mame. Lero abwera ndi ndalama, mawa apita. Ndikamfunsa zaka zake, akagula kwina."

Ambiri anawomba m'manja. Ine sindinawombe. Bambowo ndimawalemekeza, koma mau awo ndikuwakana, ndipo ndifotokoza cifukwa cake.

Maganizo amenewa ena anawayesa kale, ndipo anapsa nawo. Tiyeni tione za cilumba ca Mallorca. Cilumbaci ciri ku Ulaya, m'dziko la Spain, pa nyanja ya Mediterranean. Mu 2019 eni cilumba sanali kukwana miliyoni imodzi, koma alendo amene anafika caka cimeneco anaposa mamiliyoni 10. Pa mwini mudzi mmodzi, alendo khumi ndi kuposa! Ambiri amacokera ku Germany ndi ku Britain, kudzaothera dzuwa ndi kusamba m'nyanja.

Kwa zaka zambiri, m'madera ena a cilumbaci munali maganizo a bambo wa baraka aja. Mowa unali wochipa. Ogulitsa ankati: gula botolo limodzi, lina ulandire ulere. Mahotela ena ankati: lipiriratu zonse, ndipo umwe mmene ungathere. Anyamata ndi atsikana ankatsogoleredwa m'magulu usiku, kucoka pa bala iyi kupita pa bala iyo.

Nanga cinatuluka nciani? Ndeu m'miseu. Phokoso mpaka mbandakuca. Masanzi ndi mabotolo osweka pa makomo a anthu. Acinyamata ena oledzera ankalumpha kucokera pa makonde a nyumba zosanja, kuti agwere m'dziwe losambiramo. Ena anaphonya dziwelo. Ena anapunduka, ena anafa. Makolo amene anatsanzikana ndi mwana wamoyo analandira maliro.

Eni cilumba anatopa. Mu Januwale 2020 boma la zilumba za kumeneko linakhazikitsa lamulo la madera amene vutoli linakula: Magaluf ndi Playa de Palma pa Mallorca, ndi Sant Antoni pa cilumba ca Ibiza. Masitolo analetsedwa kugulitsa mowa kuyambira 21:30 usiku mpaka 8:00 m'mawa. Za botolo laulere zinaletsedwa. Zoyendetsa anthu m'mabala zinaletsedwa. Mlendo wolipiriratu zonse ku hotela anaikiridwa malire: matambula 6 okha pa tsiku, atatu pa cakudya ca masana, atatu pa ca madzulo. Mu 2024 anaonjezera: womwera mowa pa mseu m'madera amenewo alipe cindapusa ca mayuro 500 mpaka 1,500. Mayuro 500 pa nthawi imeneyo anali oposa mametikali 30,000.

Pali cina cofunika kucimvetsa. Ku Germany, mnyamata wa zaka 16 amaloledwa kugula mowa wa bia ndi vinyo. Ku Spain malire ndi zaka 18. Mnyamata wa ku Germany wa zaka 16 akafika pa Mallorca, lamulo la kwao limatsala kwao. Sanganene kuti, "Kwathu ndimagula." Wafika kwa eni, ayendere lamulo la eni. Ngati azungu okhaokha amacitirana cotere, ife tikuopa ciani?

Tsopano tibwerere kwathu. Nafenso tiri ndi zilumba zimene alendo amazikonda: Ilha de Moçambique, Ibo, Bazaruto, Inhaca. Tiri ndi magombe a nyanja yathu ya Niassa, ku Metangula ndi ku Cobué. Patsidya pa Cobué pali Likoma, cilumba ca Malawi, ndipo kumenekonso malire ndi zaka 18. Mu 2013 boma la Moçambique linalemba momveka kuti mowa usagulitsidwe kwa ana osakwana zaka 18. Silinanene kuti ana a eni dziko okha. Mwana ndi mwana, kaya wabwera pa ndege, kaya wabadwira kuseri kwa baraka.

Akuti mlendo ndi mame. Mwambiwu ndi woona pa mlendo mmodzi wogona masiku awiri. Timampirira, pakuti sacedwa kupita. Koma malo amene alendo amafika tsiku ndi tsiku, uyu akupita uyo akufika, mame ake sakamuka. Pamakhala cinyontho caka conse, ndipo amene amapondapo ndi ana athu. Mlendo amapita, khalidwe lake limatsala.

Ndinaona ndi maso anga. Mnyamata wa zaka 14, mwana wa mmodzi wa ophunzira athu, anapalasira alendo bwato tsiku lonse. Madzulo anampatsa ndalama pang'ono ndi mabotolo awiri a mowa, namjambula akumwa, iwo akuseka. Usiku umenewo amai ake anamtola pa mcenga. Alendowo m'mawa anakwera galimoto napita. Manyazi ndi misozi zinatsala m'mudzi. Ndipo mabotolowo anagulidwa kwa mmodzi wa ife, amene anaona zonse nakhala cete cifukwa ca ndalama.

Lamulo la zaka 18 silinaikidwe mwamasewera. Adokotala amatiuza kuti ubongo wa munthu umapitiriza kukula mpaka atapitirira zaka 20. Woyamba kumwa ali wamng'ono ndiye amagwidwa msanga ndi ucidakwa. Ndipo ife a kunyanja tikudziwa cina: mowa ndi madzi akuya sizigwirizana. Woledzera sayesa mafunde. Kuongola mtengo mpoyamba.

Bambo aja anati, "Akagula kwina." Inde, akagula kwina ngati wokana ali mmodzi. Koma ogulitsa onse a pa gombe akapangana mau amodzi, kwinako kudzakhala kuti? Tinatha kugwirizana pomanga kalasi yathu ino. Tingalephere kugwirizana pa nambala imodzi?

Ena akuti, "Alendo adzaleka kubwera." Pa Mallorca sanaleke. Mu 2023 ndi mu 2024 anafika ambiri kuposa mu 2019. Mlendo wabwino amafuna gombe laukhondo ndi tulo tabwino usiku. Amene angathawe cifukwa takana kuledzeretsa ana, apite. Ndalama zake sizingatigulire mwana wina.

Akuluakulu a m'kalasi mwathu akukumbukira nthawi ya malamulo awiri. Mpaka 1961 atsamunda a Cipwitikizi anali ndi lamulo la iwo eni, ndi lina la ife amene ankaticha "indígena". Kodi lero ife tomwe tibwezeretse malamulo awiri, lofewa la wandalama, lolimba la wosauka? Ai! Dziko limodzi, lamulo limodzi.

Musandimve molakwa. Sindikuti tidane ndi alendo. Mlendo timlandire, timpatse mpando, timuotcere nsomba. Wamkulu akafuna mowa, agule, amwe mwaulemu. Ndiponso tisaloze cala alendo okha. Ife tomwe timatuma ana kukagula kacasu usiku, ndi kuwalawitsa pa maliro ndi pa ukwati. Amene afuna kuti mlendo alemekeze lamulo, ayambe walilemekeza yekha pakhomo pake.

Funso lotsiriza la bambo aja linali lakuti: "Nanga zaka za munthu ndidzazidziwa bwanji?" Apa ndi pamene sukulu yathu ikugwira nchito. Mlendo ali yense ali ndi pasipoti. Mwini dziko ali ndi citupa. M'menemo mwalembedwa tsiku, mwezi ndi caka cobadwa. Kale tikadangoyang'ana pepalalo ngati nkhuku yoyang'ana mkanda. Lero tikuwerenga. Tengani caka cino, mucotsepo caka cobadwa. Zikapanda kukwana 18, bwezani citupaco mwaulemu ndi kunena kuti, "Pepani, pano pali zoziziritsa kukhosi zokha."

Sabata lotsatira bambo aja anandipempha kuti ndiwaonetsenso kalembedwe ka 8, pakuti kanali kuwavuta. Sananene cifukwa cake, ndipo ine sindinafunse. Amai ndi abambo, nonse muli ndi makala ndi kathabwa kunyumba. Lembani 18, mupacike pamene pagulitsidwa mowa.

Mafunso okambirana

1. Kodi mnyamata wa zaka 16 wocokera ku Germany angagule mowa pa Mallorca? Cifukwa ciani?
2. Munthu anabadwa mu 2012. Adzakwana zaka 18 caka citi?
3. M'mudzi mwanu, ndani amagulitsa mowa kwa ana? Kalasi yanu ingacitepo ciani?