Mwana wa sickle cell sanasemphedwe

Chala chimodzi sichiswa nsabwe, anatero akale, koma mwana akatupa manja ndi mapazi, nkumalira usiku wonse ndi ululu wa m'mafupa, mwambi umenewu umaiwalika msanga. Akuchimuna amaloza mayi kuti m'mtundu mwawo muli tsoka, akuchikazi amati bambo anayenda njira zokhota nasempha mwana. Ankhoswe amaitanidwa, nkhuku zimalipidwa, kwa asing'anga kumapitidwa, mwana ali chilirire. Bwalo lotere limaweruza mlandu umene kulibe.

Ana ena otupa motere amakhala ndi matenda a sickle cell, amene maselo ofiira a magazi amapindika ngati zenga ndi kutseka timitsempha. Gwero lake linadziwika kalekale. Mu 1949 Linus Pauling ndi anzake anaonetsa kuti vuto lili mu hemoglobin, ndipo mu 1956 Vernon Ingram, ku Cambridge, anapeza kuti pamene pasiyana ndi pa anthu ena onse ndi kachidutswa kamodzi kokha. Mwana amadwala pokhapokha atalandira jini yotere kuchokera kwa bambo ndiponso kwa mayi. Onse awiri akakhala nayo, ngakhale ali athanzi, pa mimba iliyonse pamakhala mwayi umodzi mwa inayi woti mwana abadwe wodwala. Nanga banja limene likuloza linzake chala lidzathawira kuti, popeza theka la cholowacho linachokera kwawo komweko?

Jiniyo si themberero ayi. Mu 1954 Anthony Allison, atafufuza kummawa kwa Africa, anasonyeza kuti wokhala ndi jini imodzi yokha amatetezekako ku malungo oopsa. Ndiye chifukwa chake inachuluka kumadera a udzudzu: inapulumutsa makolo ambirimbiri amene zidzukulu zawo lero zikuyesedwa zolodzedwa.

Ku Ulaya ndi ku America matendawa amawerengedwa m'gulu la matenda osowa, chonsecho ana ambiri obadwa nawo ali mu Africa. Ku Ulaya ndi ku America komweko ndi kumene, mu 2023, anavomereza Casgevy, chithandizo chokonza majini a m'maselo a wodwala, pa mtengo wa madola 2.2 miliyoni ku America. Wa kumudzi sangazilote zimenezo, ndipo ena amatengerapo mwayi nkumati nzeru za majini nza olemera okha. Akunama. Kuyeza kadontho ka magazi ka khanda, penisilini, neti yogonamo ndi mankhwala a hydroxyurea, amene anayesedwa pa ana ku Angola, Congo, Kenya ndi Uganda nachepetsa ululu ndi imfa, zonsezi si za mamiliyoni.

Mwambo wa unkhoswe uli nayo kale mbuto ya nzeru zimenezi. Ankhoswe amafunsa za mtundu, za khalidwe, ngakhale za matenda a kumene mnyamata akuchokera. Funso limodzi lokha ndi limene likusowa, ndipo malo ake ndi tsiku la chinkhoswe lisanafike: kodi awiriwa anakayezetsa magazi?