Kusaka mbiri ndi foni: nanga ya machona ili pati?

M'mizinda yakale ya kunja mwabuka masewera amene alendo akuwakonda kwambiri. Munthu amaika kapulogalamu pa foni, kulipira ndalama pang'ono, basi ulendo wayambika. Foni imamuponyera ndagi: pita pa mphambano yakutiyakuti, yang'ana pamwamba pa khomo la nyumba yakale ija, chaka cholembedwa pamenepo n'chiti? Akalasa, foni imamufotokozera mbiri ya nyumbayo n'kumulozera kwina. Womuperekeza palibe, womufulumizitsa palibenso. Akatopa amakhala pamthunzi, ndagi yotsatira n'kumamudikira m'thumba.

Gwero lake ndi May 2000, pamene boma la America linasiya kusokoneza dala GPS ya anthu wamba. Sabata isanathe, bambo wina ku Oregon anabisa chidebe m'tchire n'kulengeza pa intaneti manambala a malowo kuti ena akachisake, ndipo geocaching inabadwa motero. Mu 2016 Pokémon Go inatulutsa achinyamata m'nyumba, kumayendayenda m'misewu maso ali pa foni. Lero kuli VoiceMap, imene inayambira ku Cape Town, yokulankhulira m'khutu ukuyenda, komanso Actionbound ya ku Germany imene imalola mphunzitsi kapena wina aliyense kukonza ulenje wakewake.

Ndimawakonda masewerawa, ndipo ndikufuna ana athu a kuno ku Unit L, ku Chitungwiza, awasewere. Ambiri a ife Harare timangomudutsa. Timakwera kombi kusanache, kutsata Seke Road, kutsika pa Charge Office, kuthamangira kuntchito kapena kukaoda katundu, madzulo kubwerera tili wefuwefu. Ndani mwa ife anaimapo n'kukweza maso pa Town House, imene yakhala pamenepo kuyambira 1933? Ulenje wa m'tauni njira yake ndi yodziwikiratu, chifukwa ndi imene mabuku a alendo amalondola kale. Ungayambire pa Kopje, phiri limene mzinda unamera m'tsinde mwake. Ungatsikire ku Africa Unity Square, pamene gulu la Cecil Rhodes linakweza mbendera ya Britain pa 13 September 1890, ndipo ndagi yabwino pamenepo ndi yofunsa chimene tinjira ta m'pakimo timajambula ukationera kumwamba, poti tinayalidwa motengera mbendera yomweyo. Pafupi pomwepo pali nyumba yakale ya malamulo, imene poyamba anaimanga kuti ikhale hotela, aphungu n'kukhalamo zaka zoposa 100 asanasamukire ku Mount Hampden. Kenako chiboliboli cha Mbuya Nehanda, chimene anachivundukula pa 25 May 2021 pa mphambano ya Samora Machel Avenue ndi Julius Nyerere Way, n'kukathera ku nyumba ya Eastgate ya 1996, imene Mick Pearce anaikonza kuti izidzizizira yokha potengera nzeru za chulu cha chiswe. Mwana amene wayenda njira imeneyi Loweruka limodzi sangauonenso mzindawu ngati pongokwerera kombi.

Komatu foni imaloza chokhacho chimene chili ndi khoma, chikwangwani ndi chaka. Agogo athu alibe zonsezi.

Anachoka ku Nyasaland ali anyamata, msonkho ukuwathamangitsa. Ena anayenda wapansi kudzera ku Tete, kuwoloka Zambezi, kulowera ku Mutoko kapena ku Mount Darwin mapazi atatupa. Ena anakwera malole a Ulere, ena analembedwa ndi Mthandizi, ena ankafuna kukafika ku Joni ndi Wenela koma ulendo unathera panjira. Ndiwo anathyola fodya m'mapulazi a ku Mazowe ndi Banket, kukumba m'migodi ya ku Shamva, kuphika m'makhitchini a azungu ku Avondale, kusesa misewu ya khonsolo, kukonza njanji. Ku Mbare, kumene kunakhazikitsidwa mu 1907 ndipo nthawi imeneyo kunkatchedwa Harari, ankagona mothinana m'mahositelo a amuna okhaokha monga Matapi. Mpingo umene lero ndi CCAP unawatsatira kuchokera ku Nkhoma mu 1912, ndipo sinodi ya Harare ilipo mpaka lero. Achawa anamanga mizikiti yawo. Ngakhale Kamuzu Banda, ali mnyamata, anagwirapo ganyu pa chipatala cha ku Hartley, komwe lero ndi Chegutu, asanapitirire ku South Africa, ndipo mu 1959 atsamunda anadzamutsekera m'ndende ya ku Gwelo, Gweru ya lero. Za Kamuzu zinalembedwa m'mabuku. Za kukhi wa ku Avondale zinapita ndi mwini wake, kupatula zimene anasiyira ana ake pakamwa.

Ndiye pali Chitungwiza yathuyi. Mlendo wobwera ndi foni anganene kuti kuno kulibe mbiri, ndipo sindingamudabwe. Tauniyi inapangidwa mu 1978 pophatikiza St Mary's, Zengeza ndi Seke, mtunda wa makilomita pafupifupi 25 kuchokera ku Harare, kuti antchito akuda azigona kutali ndi mzinda n'kumalawirira kukautumikira. Madera a ku Seke sanapatsidwe n'komwe mayina, anangopatsidwa zilembo: Unit A, Unit D, Unit L. Komabe anthu oposa 370,000 amene kalembera wa 2022 anawapeza kuno sanagwe kumwamba. Dera lino ndi la Chaminuka, amene mlosi wake Pasipamire anaphedwa ndi asilikali a Lobengula mu 1883. Aquatic Complex inamangidwira masewera a All-Africa Games a 1995, ndipo ambiri amaidziwa chifukwa cha madansi kuposa kusambira. Nyimbo za sungura nazo zinakulira m'misewu yomwe ino. John Chibadura ankakhala kuno. Nicholas Zakaria wa Khiama Boys ndi Alick Macheso, amene ankaimba besi m'gulu lomwelo asanayambitse Orchestra Mberikwazvo, onse ndi ana a m'mapulazi okhala ndi magazi a ku Malawi, ndipo Chichewa chimene anachilowetsa m'nyimbo zawo chinavinidwa ndi dziko lonse, ngakhale ndi anthu omwe aja ankatitcha mabhurandaya.

Buku lalikulu la mbiri yathu kuno ku Unit L ndi manda. Mukayenda pakati pa mitumbira n'kumawerenga timalata topentedwa ndi miyala, mupeza a Phiri, a Banda, a Mwale, a Mbewe, atagona pakati pa anzawo a Chishona. Chifukwa chake n'chodziwika kwa aliyense wa ife. Mnzathu wa Chishona akamwalira, kawirikawiri abale amahaya basi n'kukamuika kumudzi kwawo, ku Murehwa kapena ku Gutu. Mtchona kumudzi kwake kuli kutsidya kwa malire awiri, ndipo mwina amene ankamudziwa kumeneko anatha kalekale. Amagona m'tauni momwemuno, ataikidwa ndi bungwe la maliro limene ankasonkhako mwezi ndi mwezi. Mabungwe amenewa ali ndi makaundula, mabuku a zikuto zolimba olembedwa pamanja, osonyeza dzina, boma lochokera ndi mfumu. Alembi ena amawasunga m'sutikesi pansi pa bedi, ndipo mvula ikadontha kapena mlembi akamwalira ana osadziwa n'kuyatsira moto, mayina a anthu mazanamazana amatheratu.

Apa m'pamene ndimasiyana ndi okonza mapulogalamu aja. Chimene amatsatsa kwambiri n'chakuti sudzafunika kufunsa munthu. Kwa mlendo wa masiku awiri ku Prague kapena ku Lisbon, zimenezo n'zabwino ndithu. Kwa ife ndi kutaya chuma chenicheni, chifukwa kwathu kufunsa ndiko kudziwa njira. Ulenje umene ndikuufuna ku Unit L ndi woti ndagi iliyonse izikathera pakhomo pa munthu. Foni inene kuti: pezani gogo amene anagwirapo ntchito ku njanji, akuuzeni sitima yochokera ku Beira inkafika nthawi yanji. Pezani mayi amene amaphika thobwa, akuuzeni anaphunzira kwa yani. Pezani nyumba ya khonsolo imene idakali ndi chitseko chake choyambirira, eni ake akuuzeni chaka chimene analandira makiyi ndi kumene ankakhala asanabwere kuno. Yankho lisakhale lotheka kulipeza pa Google.

Ndaonapo zimene zimachitika mwana akafunsa bwino. Amaodira pageti, kulowa, kukhala pansi, kupereka moni wa manja awiri. "Agogo, kwanu kwenikweni n'kuti?" Nkhalamba imayamba yaseka, kenako n'kuyankha mwandondomeko monga ankayankhira kwa bwanamkubwa: boma Ntcheu, mfumu yaikulu yakuti, mudzi wakuti. Ikatero imaitana mdzukulu kuti abweretse kachitini ka mabisiketi kamene kali pamwamba pa wadirobu. M'menemo muli chitupa chakale chofiirira chopindika m'makona, chithunzi chojambulitsa ku situdiyo atavala jekete yobwereka, kalata yochokera kumudzi imene sinayankhidwe, ndi chiphaso cha chitsulo cholembedwa kuti ALIEN. Pa chiphaso chimenecho nkhani imatalika. Lamulo la unzika la 2001 linasiya ana ambiri a machona, obadwira konkuno, opanda dziko ndi opanda voti, mpaka malamulo aakulu a 2013 anabwezera unzika kwa obadwira m'Zimbabwe amene kholo lawo linachokera m'dziko la SADC. Mwana wa zaka 16 akamva zimenezi kwa munthu amene zinamuchitikira, chiphaso chili m'manja, saiwala. Ndiponso amakakamizika kulankhula Chichewa, chimene ambiri a ana athu amangochimva koma poyankha amayankha m'Chishona.

Za ndalama zisatiopse. Sitikufunika pulogalamu yodula. Bandulo ya WhatsApp ndi imene pafupifupi aliyense amakwanitsa, ndipo gulu limodzi la WhatsApp n'lokwanira: wotsogolera atumiza ndagi, timagulu ta ana anayi kapena asanu tiyankha ndi mawu ojambulidwa, wotsogolera atumiza yotsatira. Foni imodzi pa kagulu, yotchajidwa usiku magetsi akabwera. Mawu ojambulidwawo, ngati eni ake avomera, asungidwe pa kompyuta ya kutchalitchi kapena kumzikiti, ndipo pakutha pa chaka tidzakhala ndi nkhokwe imene sinakhalepo. Malo ofunika, monga mijigo imene timapangapo mizere madzi a m'mipope akasowa, misika, ndi mabwalo a mpira, achinyamata angathe kuwalemba okha pa OpenStreetMap, mapu amene aliyense amaloledwa kuwonjezerapo.

Pali malire amene sindingalole kuti adumphidwe. Gule Wamkulu, amene anzathu kuno amati zvigure, UNESCO inamuzindikira mu 2005 ngati chuma cha anthu onse, koma zimenezo sizikutanthauza kuti dambwe liikidwe kadontho pa mapu. Zapabwalo ndi zapabwalo, zakudambwe eni ake ndiwo anena. Kumanda nako si kosewerera. Ana apiteko ndi wamkulu, atapempha kwa oyang'anira, akawerenge mayina mwaulemu, osati kuthamangitsana pakati pa mitumbira pofuna mapointi. Chitupa cha agogo chisajambulidwe n'kumwazidwa pa Facebook, poti nambala zake akuba amazifuna. Ndipo gogo akakana kulankhula, mwana athokoze n'kutuluka. Ena anathawa zinthu zowawa kumudzi, ena nyumba zawo zinagwetsedwa pa Murambatsvina mu 2005, ndipo si bala lililonse limene munthu amafuna kulitsegulira ana a eni.

Mlendo wochokera kutali akadzafuna kuyenda nawo, abwere, ndipo kangachepe kamene angapereke kapite kwa gogo amene wamulandira ndi kwa mnyamata womuperekeza. Koma oyamba kuyenda akhale ana a m'makomo mwathu momwemuno. Magulu a achinyamata a CCAP, a Katolika ndi a kumzikiti ali kale ndi atsogoleri ndi malo okumanira, ndipo alembi a mabungwe a maliro amadziwa khomo la nkhalamba iliyonse. Tchuthi cha August chimakhala chopanda mvula, choyenera kuyenda wapansi. Ndagi yoyamba ndaikonza kale: pezani munthu wa mu Unit L amene anawoloka Zambezi pa pantoni kapena pa bwato mlatho wa ku Tete usanathe kumangidwa mu 1973, akuuzeni amene anali naye pa ulendowo ndi chimene ananyamula. Wamng'ono kwambiri mwa amene anawoloka ali anyamata ofuna ntchito ali ndi zaka za m'ma 70 tsopano, choncho tiyambe ndi August wa chaka chino.