Nyimbo zathu zisapite kumanda pamodzi ndi eni ake

Abale anga a kuno ku Maniamba ndi m'midzi yonse ya m'mbali mwa nyanja, sabata yatha ndinali pa maliro a gogo wina amene ankaimba bangwe. Tikuchokera kumanda, mdzukulu wawo anandifunsa ngati pali munthu amene anajambulako mawu a agogowo. Tinafunsana tonse, ndipo panalibe ndi mmodzi yemwe. Choimbira chawo chakolekedwa pakhoma, koma nyimbo zapita nawo. Zimenezi zandikumbutsa mzungu wina wa ku England, dzina lake Hugh Tracey.

Tracey anabadwa mu 1903. Ali mnyamata anapita ku Southern Rhodesia, komwe lero ndi Zimbabwe, kukathandiza mkulu wake pa famu ya fodya. Kumeneko anaphunzira Chikaranga kwa anthu ogwira ntchito m'munda, ndipo nyimbo zawo zinamutenga mtima, pamene azungu ambiri a nthawi imeneyo sankaziwerengera n'komwe. Mu 1929 anatenga oimba ena n'kupita nawo ku Johannesburg kukajambula pa mbale za galamafoni. Pambuyo pake anagwira ntchito pa wailesi ku Durban, ndipo ankalemba ndi kuulutsa nkhani za nyimbo za anthu akuda.

Ife a Mozambique tili ndi chifukwa chomukumbukira. Mu 1948 anatulutsa buku lonena za timbila, mangolongondo a Achopi a ku Zavala, m'chigawo cha Inhambane. M'bukumo anaonetsa kuti Achopi ali ndi akatswiri opeka nyimbo zatsopano, ndi magulu oimba mwadongosolo ngati ena alionse pa dziko lapansi. Mu 2005 bungwe la UNESCO linaika timbila ndi Gule Wamkulu pa mndandanda wa chuma cha anthu onse.

Mu 1954 Tracey anakhazikitsa nyumba yosungiramo nyimbo yotchedwa International Library of African Music. M'zaka za m'ma 1950 anafika ku Nyasaland, tsidya lija la nyanja yathuyi, n'kujambula nyimbo za Achewa, Amang'anja, Ayao, Atonga ndi Atumbuka. Ankayenda pa galimoto ndi makina ojambulira, maikolofoni ali m'manja, ndipo ankalemba dzina la woimba, malo ndi chida chimene akuimbira. Pa maulendo ake onse panatuluka mbale zoposa 200. Anamwalira mu 1977, ndipo mu 1978 nyimbozo zinasamutsidwira ku Rhodes University, ku South Africa.

Tisamuyamikire titatsinzina. Ankagwira ntchito pa nthawi ya atsamunda, ndipo ambiri mwa oimba aja anamwalira osamvako mawu awo pa mbale. Nyimbo zinapita kutali, eni ake anatsala chimanjamanja. M'zaka zaposachedwa m'pamene nyumbayo inayamba kubweza nyimbo zina kwa adzukulu a oimbawo. Komabe akanapanda kujambula, adzukuluwo akanalandira chiyani?

Tsono ife bwanji? Zimene Tracey ankanyamula pa galimoto, lero mnyamata wa pamsika ali nazo m'thumba. Foni imodzi ikwanira kujambula mganda, chiwoda, nyimbo za asodzi pokoka khoka, ndi za amayi posinja. Vuto ndi loti timadikira maliro kuti tikumbukire.

Achinyamata inu, pitani kwa agogo anu akadali ndi mpweya. Yambani mwapempha chilolezo, chifukwa nyimbo zina ndi za kuchinamwali ndipo sizitulutsidwa pagulu. Akalola, jambulani, ndipo tchulani dzina lawo, mudzi ndi chaka poyambirira penipeni. Banja lawo likhale loyamba kulandira. Ngati avomera, tumizaninso ku Rádio Moçambique ku Lichinga, komwe amaulutsa m'Chinyanja chathu, kuti a ku Metangula ndi a ku Cóbuè amveko.

Akuluakulu anati mawu a akulu akoma akagonera. Koma kuti agonere, pafunika wina awasunge. Tikumanenso sabata yamawa.