Umphawi wa ku Dowa ndi ku Ntchisi si chifukwa cha ana

Akonzi,

Ndatsutsana kwambiri ndi mlembi wanu amene wanena kuti ife a ku Dowa ndi ku Ntchisi tikusauka chifukwa timabereka mosalekeza. Inde, anthu tachuluka: kalembera wa 1966 anapeza Amalawi pafupifupi 4 miliyoni, wa 2018 anapeza oposa 17 miliyoni. Koma kodi ndi ana amene ankaletsa mlimi wa ku Mponela kulima fodya wa bale mpaka 1990, pamene eni maesiteti ankalemera naye? Kodi ndi ana amene anatseka misika ya ADMARC m'midzi?

Kuti aone kuti vuto lili pa ndondomeko osati pa ana, mlembiyo akawerenge zolemba za malemu Thandika Mkandawire, katswiri wathu wa zachuma amene anatsogolera CODESRIA ku Dakar ndi UNRISD ku Geneva, nadzaphunzitsa ku London School of Economics. Mu 2005 analemba kuti chithandizo chosankha osaukitsitsa okha chimadya ndalama zambiri pofufuza mayina, chimasiya ambiri oyenera, ndipo chimawachititsa manyazi. Ife tinkaziona mfumu ikamawerenga mayina a olandira makuponi a feteleza pansi pa mtengo: mayi wamasiye wadumphidwa, mudzi wonse wayambana.

Asanawerenge ana athu, abwere adzaone mtengo wa thumba la feteleza pa Malomo.

Wowerenga wanu,
Ntchisi